Mmene Tinaimbira M'malo mwa Amayi Anayi a ku Jeremani

Chaka changa chachiwiri ku South Bend ndinapeza ganyu mulaibulale ya payunivesite imene ndinkaphunzira. Chimene ndinkafuna chinali malo ofunda, basi. Chaka choyamba ndinagwira ntchito kukhitchini yophikira ophunzira, komwe ndinkakankha ngolo ya zinyalala kupita nayo panja sinowo ikugwa, ndipo zala zanga zinali zisanandikhululukire. Choncho atandiuza kuti papezeka malo m'chipinda chosungiramo mafilimu akale, kunsi kwenikweni kwa laibulale, sindinafunse n'komwe kuti mafilimu ake ndi otani.

Abwana anga anali mayi wachizungu wamtali, wa imvi zometa, amene agogo ake anachokera ku Jeremani. Ankayenda ndi magalasi awiri, ena pamphuno, ena atalendewera pachifuwa, koma tsiku lililonse ankasaka achitatu. Ntchito imene anandipatsa inali yoonera timafilimu tina tatifupi pakompyuta n'kumalemba zimene ndikuona: muli anthu angati, avala chiyani, chithunzi chathimbirira pati, mawu asiyana pati ndi milomo. Ndinawauza kuti Chijeremani sindidziwa ngakhale moni. Iwo anati zimenezo ndiwasiyire, ine ndingobweretsa maso.

Timafilimuto tinajambulidwa zaka zoposa zana zapitazo, kanema asanayambe kulankhula payekha. Abwana anandifotokozera nzeru imene anthu a nthawi imeneyo ankagwiritsa ntchito. Nyimbo ankayamba aijambula pambale ya galamafoni. Kenako oimba ankaima kutsogolo kwa kamera, mbale ija ikulira, iwo n'kumatsegula pakamwa moitsatira. Tsiku loonetsa, munthu wina ankapukusa filimu, galamafoni ikulira pambali, n'kumayesetsa kuti ziwirizi ziyendere limodzi. Filimu iliyonse inkatha ndi nyimbo imodzi, mphindi zitatu kapena zinayi. Mulu umene anandipatsa ine unali wa magulu a amayi okhaokha. Ena anali atatu, ena asanu, ena mzere wathunthu, onse atavala madiresi okwakwa pansi, m'chiuno atamanga ngati mavu, kumutu zipewa zoti nkhuku ikhoza kuikiramo mazira. Kumbuyo kwawo kunkakhala nsalu yojambulapo munda kapena mawindo, ndipo wina akadutsa pafupi, munda wonse unkagwedezeka.

Tsiku lachitatu, mahedifoni ali kumutu, ndinamva Chichewa. Amayi asanu onenepa bwino, mikanda ili mbwee m'khosi, ankamwetulira n'kumaimba kuti ndilibe, ndilibe. Ndinabweza filimuyo pang'ono. Anabwerezanso, mosangalala kuposa poyamba. Ndinaseka ndekha mpaka abwana anatuluka muofesi mwawo kudzaona ngati ndili bwino. Atamvera, anandiuza kuti amenewo ndi mawu awiri a Chijeremani onena za chikondi, ndipo m'nyimbo zimenezi sasowa. Ine ndinawauza tanthauzo lake kwathu. Anaganiza pang'ono n'kunena kuti m'nyimbo zambiri zachikondi matanthauzo onse awiri ndi oona. Kuyambira tsiku limenelo, akafuna cholembera kwa ine ankayembekezera kuti ndiyankhe ndi liwu limenelo, ngakhale cholembera chili m'manja mwangamo.

Pamulu wonsewo panali filimu imodzi yopanda mawu. Mbale yake inasowa kalekale, ndipo chiyambi chake, pamene pankalembedwa mutu wa nyimbo, chinali chitaduka. Palibe ankadziwa kuti amayi anayi a mmenemo ankaimba chiyani. Anaima m'chipinda chojambula pansalu, pambali pali tebulo. Wapakati anali wojintcha, wa chipewa chachikulu kuposa anzake, ndipo ndi amene ankaoneka kuti akutsogolera. Ankaika manja pachifuwa, n'kuyang'ana kumwamba, n'kuloza kumwamba. Kenako onse anayi ankakweza zibakera n'kugogoda m'mwamba katatu, n'kutchera khutu, n'kupukusa mitu mwachisoni. Ankachita zimenezi katatu m'filimu yonse, ndipo pomaliza ankagwirana manja n'kuwerama. Abwana ankaikonda filimu imeneyi kuposa zonse, mwina chifukwa chakuti inali yamasiye.

Ine kuonera anthu akuyasamula pakamwa popanda mawu kunkandisowetsa mtendere, choncho ndinayamba kumawaikira kanyimbo kanga chapansipansi. Tsiku lina abwana anandimva. Anafunsa ngati ndimaimba, ndipo ndinawauza kuti ndimaimba aluto m'kagulu ka amayi anayi ku Indianapolis, kutchalitchi ndi kumaukwati a anthu akwathu. Anavula magalasi a pamphuno n'kuvala a pachifuwa. Anati dzinja la kuno likatha akufuna kudzaonetsa timafilimuti kwa anthu muholo yaing'ono ya laibulale, ndipo pafilimu yopanda mawuyo ankaganiza zoika woimba piyano. Koma amayi anayi enieni, kuimbira amayi anayi a pachithunzi, m'chilankhulo chilichonse chimene angafune, zikhoza kukhala zabwino koposa. Ndinavomera pomwepo. Ndinakumbukira nditafika kale pamasitepe kuti kagulu kameneko si kanga.

Mwini kagulu anali azakhali anga, alongo awo a bambo anga, amene anakhala ku Indianapolis zaka zambiri. Ndi namwino pachipatala china chachikulu cha m'tauni, ndipo nyumba yawo ili ku Beech Grove, mumsewu wa timanyumba tofanana toti mlendo amagogoda khomo la eni. Loweruka lililonse ndikakhala ndi mpata ndinkayendetsa kagalimoto kanga maola pafupifupi atatu, kudutsa minda ya chimanga ndi soya yosatha, kukaimba, kukadya, ndi kukadzudzulidwa kuti ndaonda. Ena awiri a m'kaguluko anali amayi a besi, okhala ku Speedway, oyendetsa basi ya ana asukulu, ndi achemwali a sopulano, ogwira ntchito muofesi ya boma, munthu wodekha wokonda mapepala.

Nkhaniyo ndinaiyamba titamwa tiyi, azakhali atavula nsapato za kuntchito. Anandimvetsera mpaka pamapeto. Kenako anafunsa kuti ndinayamba liti kubukitsa anthu akuluakulu ngati ma Uber. Anati iwo saimba nyimbo za m'mabala, ndipo sangalowetse mawu awo m'kamwa mwa munthu amene sakudziwa khalidwe lake. Ndinapepesa, n'kupempha kuti angoionera kaye. Tinatsikira kubesimenti, chipinda chapansi chimene tinkachitiramo pulakatisi, ndipo ndinalumikiza laputopu yanga ku TV yakale imene inali kumeneko.

Anaonera koyamba manja atapinda. Kachiwiri anasendeza mpando. Kachitatu, amayi aja atagogoda m'mwamba n'kutchera khutu, azakhali anamenya ntchafu yawo.

“Awa ndi amayi opemphera,” anatero. “Taonani nokha. Dzanja pamtima, maso kumwamba, agogoda, adikira yankho. Iwe mwana, bwanji sunanene poyamba kuti ndi kwaya ya amayi?”

Ndinati sindikudziwa ngati ili kwaya. Iwo anati munthu amene wakhala m'mapemphero zaka makumi atatu sachita kuuzidwa. Amayi a besi anavomereza, n'kuonjezera kuti ngakhale madiresiwo ndi aulemu, palibe ndi bondo lomwe loonekera. Achemwali a sopulano anafunsa chifukwa chimene wapakatiyo akutsinzinira diso limodzi pamapeto. Azakhali anati ndi fumbi la m'filimu.

Mkangano woyamba unali wogawana anthu. Azakhali anatenga wapakati wa chipewa chachikulu, poti ndiye wotsogolera. Amayi a besi anati tiyang'ane bwino thupi la mayiyo ndi mmene akutsegulira kukamwa, kenako tiyang'ane m'chipindamo kuti akufanana ndi ndani. Azakhali anayankha kuti utsogoleri sayeza pasikelo. Anakangana mpaka tiyi wachiwiri, ndipo amayi a besi anagonja atapatsidwa wamtali wa kumanzere, amene anati ali ndi nkhope ya munthu wosaseweretsedwa. Achemwali a sopulano anatenga wochepa thupi wa maso aakulu. Ine ndinatsala ndi wakumapeto kumanja.

Mayi wakumapetoyo ndinali nditamulemba kale m'mapepala a kuntchito. Nthawi zonse ankachedwa. Anzake akakweza dzanja, iye ankayamba wasuzumira kumbali, kenako n'kukweza lake. Anzake akatseka pakamwa, iye anali adakali m'kati mwa liwu. Zinkaoneka kuti anamuitana m'mawa wa tsiku lomwelo wina atadwala. Azakhali anati ndiye kuti nanenso ndizichedwa chimodzimodzi, apo ayi anthu adzaona milomo ikuyenda popanda mawu. Kwa zaka ziwiri ankandikalipira kuti ndimalowa mochedwa, ndipo tsopano kuchedwa inali ntchito yanga. Chodabwitsa n'chakuti kuchedwa mwadala n'kovuta. Ndinkangopezeka ndalowa pa nthawi yake, azakhali n'kuimitsa nyimbo.

Kupeka mawu kunatitengera Loweruka angapo. Achemwali a sopulano anabwera ndi pepala la mizere, atalemba sekondi iliyonse ya filimuyo ndi zimene milomo ikuchita. Anatiphunzitsa kuti pamene amayiwo atseka milomo tiziika liwu la m, b kapena p, pamene ayasamula tiziika a, ndipo pamene asongola milomo ngati akuuzira moto tiziika u. Tinkaimitsa chithunzi n'kumayang'anitsitsa m'kamwa mwa anthu amene anamwalira agogo athu asanabadwe. Pamenepo m'pamene ndinazindikira kuti kumayambiriro kwa kolasi milomo yawo inkapanga ndendende liwu langa lija la kuntchito. Nditawafotokozera, azakhali anati ndiye basi, liwu loyamba atipatsa okha. Kolasi inatuluka motere:

Ndilibe wondimvera pansi pano,
ndigogoda kwa Inu akumwamba,
go, go, go, ndatchera khutu,
musandisiye pabwalo.

Mavesi atatu anapeka azakhali ali pashifiti, n'kumatitumizira pafoni nthawi yopuma, pambuyo pakumveka timabelu ta m'chipatala. Chuni chake chinali cha kwathu kwenikweni, choti ukhoza kuombera m'manja. Amayi a besi anadandaula kuti wamtali wawo sapuma, amangopitirira ngati wailesi, pomwe iwo ali ndi mapapo awiri okha. Achemwali a sopulano anawapezera malo awiri pamene mayiyo amatembenukira kumbali, n'kuwalembera papepala kuti apa pumani.

Nthawi yonse ya pulakatisi ankolo, amuna awo a azakhali, ankakhala pabalaza pamwamba pathu penipeni akuonera basiketibolo. Tikakweza mawu ankaponda pansi ndi chidendene kuti tichepetse. Azakhali ankangoyang'ana kudenga n'kutiuza kuti tibwereze, mokweza.

Nditauza abwana kuti nyimbo yathu ndi yauzimu, anakweza nsidze, koma anati zili bwino, palibe amene angatsutse popeza mbale kulibe. Anati tidzaima pambali pa nsalu yoonetserapo, mumdima, choncho tisavutike ndi zovala. Nditapereka uthengawo, azakhali anati mdima si chifukwa choti munthu aoneke ngati akupita kumunda. Tinasoketsa madiresi a chitenje chimodzi, chobiriwira, kwa mayi wina wa kutchalitchi. Amayi a besi anapita kusitolo ya kaunjika n'kukapeza chipewa cha nthenga, ndipo anakana kuchivula ngakhale azakhali anawakumbutsa kuti wa chipewa chachikulu ndi iwo.

Tsikulo linali Loweruka masana, sinowo itasungunuka, mitengo itayamba kuphuka. Ine ndinagona ku Beech Grove kuti tinyamukire limodzi pavani ya amayi a besi. Munthu akamva kuti amakhala ku Speedway, pafupi ndi bwalo limene magalimoto amathamanga ngati akuthawa ngongole ya mfiti, angaganize kuti nawonso amaponda mafuta. Ayi ndithu. Ankayendetsa ngati m'galimotomo muli ana asukulu makumi anayi, n'kumaima panjanji iliyonse kuyang'ana uku ndi uku. Mathiraki ankatipitirira akuliza hutala. Tinafika ku South Bend kutatsala mphindi makumi awiri, moti sitinapeze mpata woyeserera muholomo.

Anthu anabwera ochulukirapo kuposa mmene ndinkaganizira, ambiri okalamba, ena ndi ndodo, kuphatikizapo ophunzira angapo amene aphunzitsi awo anawalamula. Abwana analankhula pang'ono, kenako anayamba kuonetsa mafilimu okhala ndi mawu. Amayi asanu a mikanda aja atayamba ndilibe wawo, azakhali ananditsina pamkono, mapewa awo akugwedezeka. Yathu inali yomaliza. Tinaimirira, tinafola monga mmene afolera a pachithunzi, azakhali anapereka kiyi chapansipansi, ndipo filimu inayamba.

Mzere woyamba usanathe tinadziwa kuti china chake chasintha. Amayi a ku Jeremani sankafulumira. Ankakweza manja mwaulemu, mwapang'onopang'ono, ngati anthu okhuta. Tinamva pambuyo pake kuti mkati mwa sabata imeneyo abwana anaona kuti filimuyo inkathamanga kuposa mmene inajambulidwira, n'kuikonza, koma anaiwala kundiuza. Ife tinali titazolowera liwiro lakale. Tinafika pa go, go, go zibakera zawo zisananyamuke n'komwe.

Azakhali sanatembenuke. Anayamba kuponda pansi ndi phazi, pang'onopang'ono, kutikokera m'mbuyo, ndipo liwu lililonse analitalikitsa ngati mphira. Achemwali a sopulano anapinda pepala lawo la masekondi n'kulibisa kumbuyo. Amayi a besi anavutika koposa, chifukwa malo awo opumira anasuntha. Wamtali uja ankachedwa kutembenuka, iwo akugwirabe liwu limodzi, nthenga za pachipewa zikunjenjemera. Mawu atatithera pakati pa vesi lachiwiri, milomo ya pansalu ikuyendabe, iwo anangoyamba kung'ung'udza mwa besi, azakhali n'kuponyapo “ee, Ambuye” kawiri, ndipo dzenjelo linakwiririka. Ine ndekha ndi amene zinandiyendera. Mantha anandibwezera kuchedwa kwanga kwachibadwa, ndipo ine ndi mayi wakumapeto uja tinkatsegula ndi kutseka pakamwa limodzi ngati mapasa. Pofika kolasi yachitatu tonse tinali titagwirizana nawo, moti zibakera zinayi zitagogoda m'mwamba, go, go, go wathu anagwera pomwepo. Anthu anaomba m'manja filimu isanathe.

Koma panali munthu mmodzi amene anayamba kuseka pakolasi yoyamba ndipo sanasiye. Anali gogo wachizungu, wochepa thupi, atakhala panjinga ya olumala kutsogolo, mwana wake wamkazi akumugwira phewa kuti achepetse. Magetsi atayaka, anatikodola. Azakhali anatsogola, n'kupinda mawondo pomupatsa moni monga timachitira ndi akuluakulu. Gogoyo anati anabadwira ku Jeremani, anabwera kuno ali mtsikana, ndipo sanamvepo kuimba kokoma chotero m'chilankhulo chimene sakuchidziwa. Kenako anati nyimbo ya amayi a pachithunziwo akuidziwa. Mayi ake ankaiimba kukhitchini, ndi manja omwe, ndipo anaizindikira atangoona kugogodako.

Abwana anatsala pang'ono kugwetsa magalasi onse awiri. Anapempha kuti abwereze filimuyo, ndipo gogoyo anaimba ndi mawu ake onjenjemera, akuiwala apa ndi apo. Milomo ya pansalu inagwirizana naye mosachita kufunsa. Atamaliza, anatifotokozera m'Chingerezi. Nyimboyo ndi ya atsikana anayi okhala chipinda chimodzi m'nyumba yosanja. M'chipinda cha pamwamba pawo mwalowa mnyamata wa lendi, wometa anthu tsitsi, wa ndevu zopotana bwino, ndipo onse anayi amufuna. Tsiku lililonse amagogoda denga ndi mpini wa tsache kuti awazindikire, n'kutchera khutu, koma iye sayankha.

Ndinayang'ana pansi. Achemwali a sopulano anayamba kufunafuna chinachake m'chikwama. Gogoyo anafunsa kuti nanga ife timaimba zotani, ndipo ndinamumasulira ine mawu a nyimbo yathu. Anamvetsera mwachidwi, n'kutembenukira kwa azakhali.

“Nanga wanu wakumwambayo amayankha?”

“Amayankha,” anatero azakhali. “Pa nthawi yake, koma amayankha.”

“Ndiye mwasankha bwino kuposa atsikanawa.”

Azakhali anakonza duku lawo limene linali bwinobwino. Ndinkayembekezera kuti atilamula kuti tizipita. M'malo mwake anawerama pafupi ndi khutu la gogoyo.

“Pepani amayi, nanga pamapeto pake anakwatira uti?”

Gogoyo anati sanakwatire aliyense mwa anayiwo. Vesi lomaliza limanena kuti anakwatira mwini nyumba, mayi wamasiye wa nsanjika yapansi, amene sanagogodepo ngakhale kamodzi. Azakhali anagwedeza mutu ngati munthu amene wamva nkhani yoti anaionapo kale, n'kunena m'Chichewa kuti amuna ndi amodzi dziko lonse lapansi.

Abwana sanatiperekeze mokwanira, chifukwa anali kale pafoni kufuna makina oti ajambulire gogoyo akuimba. Anatikumbatira mmodzimmodzi, n'kutipakira makeke otsala m'bokosi. Lolemba lake anandiuza kuti chifukwa cha mawu amene gogoyo anakumbukira, tsopano akudziwa choti afunse kwa anzawo osunga mbale zakale ku Ulaya.

Tinakwera vani n'kuyamba ulendo wobwerera. Azakhali anakhala kutsogolo, bokosi la makeke lili pamiyendo, maso ali pamsewu. Ine ndinkawerenga nkhokwe zachitsulo za m'minda, ndikukonzekera mlandu wanga. Tinadutsa tauni ya Kokomo. Kenako amayi a besi anakonza kukhosi n'kunena, maso ali kutsogolo, kuti pali chinthu chimodzi chikuwavuta. Anati Loweruka onse aja takhala tikuimirira kubesimenti, amayi anayi, manja pachifuwa, kuloza kudenga ndi kugogoda, ndipo pamwamba pathu panali mwamuna mmodzi yekha.

“Koma uja ndiye ankayankha,” anatero achemwali a sopulano, amene sayambitsa nthabwala. “Ndi chidendene.”

Azakhali anayesa kulimba. Ndinaona khosi lawo likufufuma, kenako anaphulika, bokosi la makeke n'kugwa. Amayi a besi anayatsa ma indiketa onse, anapatukira pambali pa msewu mwadongosolo lake lonse, anakoka buleki, kenako anagoneka mutu pachiwongolero n'kuseka mpaka hutala inalira. Tinakhala pamenepo nthawi ndithu. Titayambanso ulendo, azakhali anapukuta misozi ndi nsonga ya duku n'kukhazikitsa lamulo. Nkhaniyi ithere m'galimoto muno. Ankolo asamve, chifukwa adzatupa, ndipo kutchalitchi kusamveke kanthu. Nyimboyo tiikwirire.

Lamulolo linagwira theka. Za mnyamata wometa tsitsi palibe anaulula. Koma mayi amene anatisokera madiresi anali atauza kale anthu kuti tili ndi nyimbo yatsopano imene takaimba kuyunivesite, ndipo patapita milungu itatu amayi abusa anaimbira azakhali foni kupempha kuti tidzaiimbe Lamlungu la amayi. Azakhali anayesa kuzemba. Anati sinapse, anati amayi a besi ali ndi chimfine. Amayi abusa anati ngati inapsa pamaso pa azungu, ndiye kuti yapsa.

Tisanalowe m'tchalitchi azakhali anatisonkhanitsa pamalo oimika magalimoto. Anati tiimba, popeza mawuwo ndi athu ndipo alibe cholakwa, koma manja onse akhale kumbuyo, ndipo wina asayerekeze kuyang'ana mnzake. Tinaimba titaima njo ngati asilikali. Vesi loyamba linadutsa bwino. Pakolasi yachiwiri mpingo unali utaigwira, ndipo mayi wina wachikulire wa pabenchi yakutsogolo anaimirira yekha, anaika dzanja pachifuwa, n'kukweza chibakera kugogoda m'mwamba katatu. Anzake anamutsatira. Pofika kolasi yomaliza tchalitchi chonse chinali kugogoda ndi kutchera khutu, ankolo ali pakati pawo, akugogoda mwamphamvu kuposa onse. Ndinaluma mlomo mpaka kumva kuwawa. Kumanzere kwanga besi inazima kwa mizere iwiri, n'kubwereranso ikunjenjemera. Azakhali anaimba mpaka pamapeto maso ali pawotchi ya kukhoma.

Titatuluka, mkulu wa mpingo wina anawapeza azakhali akukonza makapu a tiyi m'chipinda chodyera. Anati nyimboyo yamukhudza kwambiri, ndipo akufuna kudziwa kumene inachokera kuti ailembe pandandanda wa nyimbo za mpingo.

“Ndi ya ku Jeremani,” anatero azakhali. “Yakale kwambiri. Shuga masupuni angati, abambo?”